Chithunzi Chimene Sitinachione

Zaka zingapo zapitazo, pa sukulu ina ya m'komboni kumene ndinkaphunzitsa, foni yanga inasowa. Ndinkakumbukira kuti ndinaisiya pa tebulo m'kalasi ya giredi 9 belu la buleki litalira, koma pobwerako sindinaipeze. Ana anandiuza zinthu zitatu. Mnyamata wina sanatuluke pa buleki. Anamuona ataima pafupi ndi tebulo langa. Mkulu wake anagwidwapo ndi apolisi pa mlandu wakuba. Ndinamuitana kutsogolo, n'kutsegula chikwama chake anzake onse akuona, ndipo m'kati mwa buku la masamu ndinapezamo K200 yopindidwa bwino. Foni munalibe, koma m'mutu mwanga nkhani inali itatha kale: waba, wapatsira munthu pawindo, walandira ndalama.

"Ba ticha, si ine," anatero. Ndinamuuza kuti mawa abwere ndi kholo.

Amayi ake anabweradi. Anati ndalamayo anam'patsa okha kuti poweruka akaode saladi wa pa kantemba kawo. Anati mwanayo sakonda kutuluka pa buleki chifukwa nsapato yake inamatuka ndipo anzake amamuseka. Mwanayo anawonjeza kuti pafupi ndi tebulo anapitapo kukatenga chofufutira pa bolodi. Ndinamva zonsezi, koma mumtima ndinati mayi aliyense amaikira kumbuyo mwana wake.

Tsiku lachitatu ndinatsegula kabati ya m'chipinda cha aziphunzitsi kuti ndiyambe kuchonga makope. Foni inali pakati pa makopewo, batire itatha. Ndinainyamula ndekha pamodzi ndi makope tsiku lomwelo, osadziwa. Ndinapepesa kwa mnyamatayo pamaso pa kalasi, ndinapitanso kunyumba kwawo kukapepesa kwa amayi ake. Koma dzina lakuti Kawalala, limene anzake anam'patsa m'masiku atatu aja, linakhala naye mpaka chaka chinatha.

Chimene chimandisowetsa mtendere mpaka lero n'chakuti palibe mwana amene anandinamiza. Mnyamatayo sanatulukedi, anaimadi pafupi ndi tebulo, mkulu wake anagwidwapodi, ndalama zinalipodi. Mfundo iliyonse inali yoona. Chabodza chinali nkhani imene ine ndinaluka polumikiza mfundozo. Uwu ndi umene ndidzautcha umboni wongolumikiza: palibe anaona munthu akuchita choipacho, koma zizindikiro zingapo zikuoneka ngati zikuloza iye. Funso langa ndi ili: kodi zizindikiro zoona zimatipatsa ufulu wolanga munthu pa chinthu chimene palibe anachiona?

Funsoli ndi lakale, ndipo amene analifunsa mwamphamvu ndi anthu amene ankapanga mafilimu opanda mawu zaka zoposa 100 zapitazo. M'mafilimu amenewa simumva munthu akulankhula. Mumaona nkhope, manja, zitseko ndi zinthu, ndipo apo ndi apo pamabwera mawu ochepa olembedwa. Atatu mwa iwo ndikufuna tiwaone pamodzi, ndipo onse amapezeka pa YouTube.

Yoyamba ndi Intolerance, imene D. W. Griffith anatulutsa ku America mu 1916. Muli nkhani zinayi, koma ya masiku a Griffith yemweyo ndi ya banja losauka la m'tauni. Mwamuna, amene Robert Harron anasewera, anakhalapo m'gulu la zigawenga ndipo analowapo m'ndende. Tsiku lina mkulu wa zigawengazo alowa m'chipinda cha banjali kudzagwira mkazi wake. Mwamunayo afika, ndewu iyamba. Kunja kwa windo kuli mkazi wina, chibwenzi cha chigawengacho, wodzala ndi nsanje. Iye awombera, aponya mfuti m'chipindamo, athawa. Mwamuna uja atola mfutiyo, ndipo anthu polowa apeza mtembo pansi, mfuti ili m'manja mwa munthu amene anakhalapo kale m'ndende. Khoti limuweruza kuti anyongedwe. Apulumuka chingwe chili kale m'khosi, chifukwa mkazi wowombera uja waulula, ndipo anthu athamangitsa sitima ya bwanamkubwa pa galimoto kuti akatenge kalata yom'khululukira.

Yachiwiri ndi The Lodger ya Alfred Hitchcock, imene inaonetsedwa ku London mu 1927. Mumzinda muli munthu wopha atsikana a tsitsi loyera usiku wa Lachiwiri. Panyumba ina pafika mlendo wofuna chipinda cha lendi, atakulunga nkhope ndi sikafu, chikwama chili m'manja. Sakufuna kuona zithunzi za atsikana zimene zili pakhoma. Atuluka usiku mwakachetechete, ndipo usiku womwewo mtsikana wina aphedwa chapafupi. Wapolisi amene akufufuza ndi chibwenzi cha mwana wamkazi wa panyumbapo, ndipo akuchita nsanje ndi mlendoyo. Pofufuza m'chikwama apeza mfuti, mapu osonyeza malo onse amene anthu anaphedwera, nkhani zodula m'manyuzipepala, ndi chithunzi cha mtsikana amene anaphedwa poyamba. Ndani angakayike? Koma mtsikanayo anali mlongo wake wa mlendoyo, ndipo mapu ndi mfuti zinali zosakira wakuphayo, monga analonjezera amayi ake asanamwalire. Athawa ali ndi unyolo m'manja, gulu la anthu lim'thamangitsa, unyolowo ukola pa mpanda wachitsulo, ndipo alendewera pamenepo anthu akumumenya. Chimupulumutsa ndi uthenga wakuti wakupha weniweni wagwidwa kwina.

Onani chimene mafilimu awiriwa amachita ndi ife oonera. Mu Intolerance kamera imatiika kunja kwa windo, ndipo timaona amene wawombera. Tikudziwa chimene woweruza sakudziwa, motero timakwiya naye ndi kudziona ngati anzeru. Mu The Lodger kamera imatibisira chithunzi chimenecho mpaka kumapeto, ndipo kwa ola lathunthu ifenso timakhala mbali ya gulu. Timaona sikafu, chikwama ndi mapu, n'kumati ndi yemweyu. Hitchcock ndiye ananena zoona za moyo wathu. Pa msika wa Soweto kapena pa siteshoni ya minibasi palibe kamera yoima kunja kwa windo. Timafika mfuti ili kale m'manja mwa munthu.

Opanga mafilimu oyambirira ankadziwa bwino mmene mutu wa munthu umalumikizira zithunzi. Ku Russia, mphunzitsi wa za mafilimu Lev Kuleshov amakumbukiridwa chifukwa cha kuyesa kumodzi. Anatenga chithunzi chimodzi cha nkhope ya wosewera Ivan Mosjoukine, yosaonetsa chimwemwe kapena chisoni, n'kuchitsatiza ndi mbale ya supu, kenaka ndi bokosi la maliro, kenaka ndi chithunzi china. Oonera anati pa supu munthuyo ali ndi njala, pa bokosi ali ndi chisoni. Nkhope inali imodzimodzi. Njala ndi chisoni zinachokera m'mitu ya oonerawo. Ife anthu sitipirira mpata pakati pa zithunzi ziwiri. Timaudzaza msanga, ndipo tikatha timaiwala kuti taudzaza tokha, n'kumalumbira kuti tinaona ndi maso athu.

Mafilimu opanda mawu anatha cha m'ma 1930, koma abwereranso m'matumba athu. Kavidiyo ka masekondi 20 pa WhatsApp, kosonyeza munthu atakhala pansi, malaya atang'ambika, chikwama chili pambali, ndi filimu yopanda mawu. Sitimva zimene munthuyo akunena. Sitiona zimene zinachitika kamera isanayatsidwe. Mawu olembedwa pansi pake, akuti agwidwa ku Chawama, amagwira ntchito imene mawu olembedwa ankagwira m'mafilimu akale: amatiuza chimene tiyenera kuona. Kusiyana kwake n'kwakuti amene walemba mawuwo sitim'dziwa, ndipo munthu ali pansiyo si wosewera.

Ife a mu Lusaka tikudziwa kumene zimenezi zimathera. Mu Malichi ndi Epulo 2016, mitembo ya anthu inapezeka m'madera a George, Zingalume ndi Lilanda, ina itachotsedwa makutu, mitima ndi ziwalo zobisika. Mantha anali oona, ndipo chisoni cha mabanja chinali choona. Kenaka kunabuka mphekesera yakuti ziwalo zapezeka m'firiji ya mwini shopu wochokera ku Rwanda. Zizindikiro zinalumikizidwa mofulumira: ndi alendo, mashopu awo akuyenda bwino pamene athu akugwa, ali ndi mafiriji akuluakulu. Pa 18 Epulo chipwirikiti chinayamba, n'kufalikira m'makomboni ambiri. Mashopu oposa 60 anathyoledwa, anthu oposa 250 anagwidwa, ndipo mabanja ambiri a alendo anathawira ku tchalitchi cha Katolika cha St Ignatius. Ku Kanyama anthu awiri anatenthedwa amoyo, ndipo boma linanena kuti onse awiri anali a muno mu Zambia. Mwezi wotsatira apolisi anatengera ku khoti anthu anayi owaganizira pa kuphako: asilikali awiri, munthu wamba wogwira ntchito ku Zambia Air Force, ndi sing'anga. Pakati pawo panalibe wa ku Rwanda.

Mu 2020 zinabwereranso. Nkhani ya anthu opopera gasi m'nyumba usiku inayambira ku Chingola, ndipo pofika mu Febuluwale inali itafika mu Lusaka ndi m'zigawo zina. Ambiri a inu mukukumbukira usiku umene sitinagone, matayala akuyaka m'misewu, anyamata akulondera ndi zibonga. Masiku amenewo kukhala mlendo pamalo, kunyamula chikwama, kapena kulephera kufotokoza msanga kumene ukupita, zinali zokwanira kuti anthu akuzungulire. Pofika mu Malichi, anthu pafupifupi 50 anali ataphedwa ndi magulu okwiya m'dziko lonse. Palibe mmodzi wa iwo amene anapatsidwa mpata woima pa khoti. Mlendo wa Hitchcock, ndi sikafu yake ndi chikwama chake, akanatsika minibasi ku Kanyama mwezi umenewo, sakanafika pa geti ya nyumba ya lendi.

Pali chinthu china chimene tiyenera kuvomereza: zizindikiro sizilemera mofanana pa anthu onse. Griffith yemwe anatililitsa ndi mzungu wosalakwa mu 1916, chaka chimodzi m'mbuyo mwake anatulutsa The Birth of a Nation, filimu yotamanda gulu la Ku Klux Klan, mmene kupha munthu wakuda popanda khoti kumaonetsedwa ngati chilungamo. Nayenso mlendo wa mu The Lodger anathandizidwa ndi nkhope yake: Hitchcock ananena pambuyo pake kuti ankafuna kusiya oonera akukayikabe, koma eni kampani sakanalola kuti Ivor Novello, wosewera wokondedwa kwambiri nthawi imeneyo, aoneke ngati wakupha.

Apa m'pamene filimu yachitatu imalowera. Mu 1920 Oscar Micheaux, munthu wakuda wa ku America, anatulutsa Within Our Gates. Mlimi wakuda wobwereka munda, Jasper Landry, apita kwa mzungu mwini malo kukakambirana za ngongole yake. Ali komweko, mzungu wina wosauka amene mwini malo anam'dyera masuku pamutu awombera mwini maloyo. Wantchito wa panyumbapo, Efrem, athamanga m'tauni kukafalitsa kuti wapha ndi Landry. Mu filimu iyi mulibe sitima ya bwanamkubwa, mulibe uthenga wofika pa nthawi yake. Landry ndi mkazi wake anyongedwa ndi gulu la anthu, amayi ndi ana akuonerera. Efrem nayenso, amene ankaganiza kuti ulosi wake wam'gulira chitetezo, gulu lomwelo lim'pha litatopa kudikira. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.

Micheaux anaona chimene anzake aja sanafune kuona. Tisanayambe kuwerenga zizindikiro, timakhala titasankha kale munthu amene zikumuyenera. Tsiku lija m'kalasi mwanga, mwana wa mkulu wa komiti ya makolo akanakhala ndi K200 m'buku, ndikanati ndi ya lanchi. Mwa mfundo zinayi zija, imene inandigwira mtima inali ya mkulu wake, mfundo yokhayo imene sinkakhudza foni yanga ngakhale pang'ono. M'makomboni mwathu amene zizindikiro zimawalemera timawadziwa: mlendo wolankhula chinenero china, mnyamata wa madiredi, kaponya wa pa siteshoni, wodwala misala woyendayenda, agogo okhala okha amene anthu amawanong'oneza za ufiti.

Tsopano ndimve mbali ya amene akunditsutsa, chifukwa ali ndi mfundo. Wina adzati: aphunzitsi, mbala siitana mboni. Amene amathyola nyumba ku Mtendere 2 koloko usiku sasiya kalata. Tikakana umboni wongolumikiza, ndani adzalangidwa? Wina adzawonjeza kuti anagwirapo mbala n'kuipereka ku polisi, ndipo patapita masiku awiri anakumana nayo pa msika ikuseka. Amene anaberedwapo TV imene anaigula movutika, kapena katundu yense wa pa kantemba, safuna kumva za mafilimu a mu 1916. Ndipo makolo athu anati utsi sufuka popanda moto.

Mwambiwo ndi woona, koma umangotiuza kuti moto ulipo. Sutiuza amene anauyatsa. Mu 2016 moto unalipodi, anthu ankaphedwadi. Utsi ndi umene unatitsogolera ku nyumba yolakwika. Ndipo amene akufuna kuti mbala ilangidwe ndiye ayenera kuopa kwambiri kulanga munthu wolakwika, chifukwa tsiku limene tamenya wosalakwa, wolakwa weniweni amagona tulo tabwino. Mlandu watsekedwa, palibenso akumufuna.

Malamulo a dziko lino sakana umboni wongolumikiza. Anthu ambiri ali m'ndende chifukwa cha umboni wotere, ndipo ambiri a iwo moyenera. Chimene malamulo amafuna chinafotokozedwa ndi Khoti Lalikulu Kwambiri mu 1977, pa mlandu wa David Zulu, umene ophunzira zamalamulo ku UNZA amauwerenga mpaka lero. Zulu anaonedwa akumwa mowa ndi mayi wina pa bala, ndipo anatuluka limodzi cha pakati pa usiku. M'mawa mwake mtembo wa mayiyo unapezeka, uli ndi zizindikiro zakuti analimbana ndi womuphayo. Pogwidwa, Zulu anapezeka ndi mikwingwirima pakhosi ndi pachifuwa. Iye anati anavulazidwa ndi tizitsulo touluka ku ntchito kwake, ndipo palibe anabweretsa umboni wotsutsa zimenezo. Woweruza woyamba anaganiza yekha kuti ku ntchitoko Zulu ankavala zovala zodzitetezera, choncho tizitsulo sitikanam'fika pakhungu, ndipo anam'peza wolakwa pa kupha. Khoti Lalikulu Kwambiri linafafaniza chigamulocho. Linati za zovalazo panalibe umboni uliwonse, ndipo umboni wongolumikiza uyenera kuchotsa mlandu m'dera la zongoganizira, mpaka patatsala tanthauzo limodzi lokha, lakuti munthuyo ndi wolakwa.

Taonani zimene woweruza woyamba anachita. Anali ndi zithunzi ziwiri, bala usiku ndi mtembo m'mawa, ndipo pakati pake anaikapo chithunzi chake cha zovala zimene palibe anazitchula. Ndi zomwezo zimene ine ndinachita ndi windo la m'kalasi. Khoti silinanene kuti likudziwa amene anapha mayiyo, ndipo kwa abale ake chigamulocho chiyenera kuti chinali chowawa. Linanena kuti kusadziwa sikuchotsedwa ndi kuganizira. Ndime 18 ya malamulo oyendetsera dziko lino imanenanso chimodzimodzi, kuti woimbidwa mlandu aonedwe ngati wosalakwa mpaka umboni utam'peza wolakwa kapena atavomera yekha.

Apa ndi pamene ndaima ine. Zizindikiro zimatipatsa ufulu wofunsa, wofufuza, wotengera munthu ku polisi ali wamoyo ndi wosavulala. Sizitipatsa ufulu wotseka nkhani pamene tanthauzo lina likadali lotheka. Ndipo chilango chikamakula, chikayiko chaching'ono chiyenera kulemera kwambiri. Foni yanga inabwerera, dzina la mwana uja silinabwerere lonse. Munthu wotsekeredwa molakwa angatulutsidwe, koma zaka zake sizibwezedwa. Wotenthedwa ndi tayala alibe apilo. Boma la Zambia linanyonga anthu komaliza mu 1997 ku ndende ya Mukobeko ku Kabwe, ndipo pa 23 Disembala 2022 Pulezidenti Hakainde Hichilema anasaina lamulo lochotsa chilango cha imfa m'malamulo a milandu. Ngati woweruza wa Khoti Lalikulu, amene amamva mboni kwa miyezi, ali ndi maloya mbali zonse ndi makhoti a apilo pamwamba pake, salinso ndi mphamvu yopha, ife a pa mphambano ya msewu, amene tamva nkhani kwa mphindi ziwiri kuchokera kwa munthu wothamanga, taitenga kuti?

Sindikukuuzani kuti mukamva mfuu yakuti kawalala muime pakati pa gulu ndi kuyamba kuphunzitsa malamulo. Gulu lokwiya lingakutembenukireni, ndipo moyo wanu ndi wofunika. Koma gulu limapangidwa ndi anthu amene aliyense anali ndi mphindi imodzi yosankha. Pa mphindi imeneyo mungathe kusatola mwala. Mungathe kufunsa amene ali pafupi nanu kuti, mwamuona ndi maso anu kapena mwangomva? Mungathe kuimbira apolisi, kapena kuthamangira munthu wamkulu amene anthu amamumvera. Kavidiyo kakafika pa foni, mungathe kukasiya osakatumiza kwa wina. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Chaka chilichonse tsopano, temu yoyamba isanathe, ndimaonetsa ana anga The Lodger pa laputopu. Ndimaimitsa filimu pamene wapolisi watsegula chikwama, n'kuwafunsa kuti amene akuti mlendoyo ndi wakupha akweze dzanja. Pafupifupi manja onse amakwera. Kenaka ndimawapatsa mphindi zisanu kuti aliyense alembe nkhani ina imene ingafotokoze mfuti, mapu ndi chithunzi, popanda mlendoyo kukhala wakupha. Poyamba amadandaula kuti n'zosatheka. Pakatha mphindi zisanu pamakhala nkhani zisanu ndi imodzi kapena kuposa: ndi wapolisi wobisala, ndi mtolankhani, ndi m'bale wa wophedwayo. Tikamaliza filimu ndimawauza za foni yanga ndi za K200 ya saladi, dzina la mnyamatayo ndisalitchule. Mnyamatayo ndimakumana naye nthawi zina m'tauni, ndi bambo tsopano. Amandipatsa moni mwaulemu, ba ticha muli bwanji, ndipo za foni sitinazikambenso.